Lipoti la msonkhano munandituma uja wa chipembedzo, undekha ndi moyo wa pamodzi

Moni a tcheya, akomiti ndi nonse apagulu pano. Pepani lipoti lachedwa, ndimafuna ndiwerengenso kaye manotsi anga kuti ndisakupatseni zinthu zosokonekera. Msonkhano unali wa masiku awiri, munali azibusa, mashehe, aphunzitsi a ku yunivesite amene amafufuza za kakhalidwe ka anthu m'magulu, komanso ena omwe ananeneratu kuti iwo sapemphera kulikonse. Funso munandipatsa lija ndinalifunsa ndithu, loti bwanji anthu akuchoka m'mipingo pomwe ukacheza nawo amati Mulungu amamukhulupirirabe?

Ponyamuka ine yankho ndinali nalo kale mumtima, loti anthu masiku ano angokhala odzikonda basi. Ndabwerako maganizo atasintha, nde ndifotokoze pomwe anasinthira.

Mayi wina mphunzitsi anayamba ndi Alexis de Tocqueville, Mfalansa amene anakayendera America mu 1831. Iyeyu polemba mu 1840 anasiyanitsa kudzikonda ndi undekha. Kudzikonda nkwakale, ndi dyera lija tonse timalidziwa. Koma undekha akuti umabwera mwakachetechete, munthu wabwinobwino, wosaba, wosakangana ndi aliyense, amangodzipatula pang'onopang'ono nkutsala ndi banja lake ndi anzake awiri atatu, za gulu lalikulu nkusiyira ena. Nditamva zimenezi ndinaganiza za anzathu angapo amene anasiya kubwera, palibe mmodzi yemwe ndingamunene kuti ndi wadyera, anangozilala basi, ife nkumawatchula odzikonda.

Pa Émile Durkheim, Mfalansa wina wofufuza za kakhalidwe ka anthu m'magulu, mpomwe tinakhalitsa. Mu 1897 iye anaunika ziwerengero za anthu odzipha ku Ulaya nkupeza kuti m'madera a Apulotesitanti anthu ankadzipha kwambiri kuposa m'madera a Akatolika, chonsecho mbali zonse ziwiri zimaletsa kudzipha. Nde iye anati nkhani sili pa chiphunzitso ayi, ili pa mmene gulu lamugwirira munthu, kuti amakumana ndi anzake kangati, amachitira limodzi zingati, alipo omudalira kapena ayi. Mphunzitsi uja anatichenjeza kuti ofufuza apambuyo anazitsutsapo ziwerengerozo, nde chonde wina asatenge zimenezi nkumakanyozera mpingo wa mnzake. Chomwe chinakhala mpaka lero ndi mfundo yoti munthu akamasuka ku gulu moyo wake umakhala pa mphepo. Akulu aja sananame kuti kali kokha nkanyama, ali awiri ndi anthu.

Koma Durkheim yemweyo ananenanso za mbali inayo, ndipo apa m'holo munatentha. Anati gulu likamugwira munthu mopyola muyeso mpaka iye osadzionanso ngati kanthu, nazonso zimapha, ndipo chitsanzo chake chimodzi chinali cha asilikali. Mtsikana wina anaimirira nkufotokoza kuti iye anachoka mumpingo wake osati chifukwa chotopa ndi Mulungu koma chifukwa aliyense ankadziwa zolakwa zake pomwe panalibe ndi mmodzi yemwe wodziwa mavuto ake. Abale, ine mawu amenewa anandilasa. Bambo wina wachikulire anamuyankha kuti ufulu ana inu mukuufunawo udzakusiyani nokha pa tsiku la mavuto, ndipo nayenso sikuti amanama, koma ndinaona kuti wayankha funso lomwe mtsikanayo sanafunse. Iye samakana kukhala ndi anthu, amakana kulondedwa ngati wakuba.

Za manambala ndingodutsa mwachangu. Ku England ndi Wales kalembera wa 2011 anapeza kuti 59.3 peresenti ankadzitchula Akhristu, pofika 2021 anatsika kufika 46.2, pomwe opanda chipembedzo anakwera kuchoka pa 25.2 kufika 37.2. Ku America a Gallup, bungwe lofufuza maganizo a anthu, anapeza kuti mu 2020 mamembala a tchalitchi, sunagoge kapena mzikiti anali 47 peresenti, pomwe mu 1999 anali 70. Zosiya mpingo koma Mulungu nkumamukhulupirirabe, wofufuza wina wa ku Britain Grace Davie mu 1994 anazitchula kuti kukhulupirira popanda kukhala membala. Koma tisathamangire kunena kuti chipembedzo chikutha dziko lonse. Peter Berger, katswiri wofufuza za chipembedzo yemwe m'zaka za m'ma 1960 ankaphunzitsa kuti chitukuko chikamakula chipembedzo chizifota, mu 1999 anavomera yekha kuti analakwitsa, mbali zambiri za dziko lapansi anthu akupembedzabe mwamphamvu. Zinandisangalatsa kumva munthu wophunzira chonchi akuvomera poyera kuti anaphonya.

Tsiku lachiwiri ndi lomwe linandipatsa chomwe ndabwera nacho. Mu 2010 Chaeyoon Lim ndi Robert Putnam anafufuza chifukwa chake anthu opita kukapemphera pafupipafupi ku America amanena kuti ndi okhutira ndi moyo wawo kuposa osapita. Anapeza kuti chachikulu ndi anzawo apamtima amene ali nawo mumpingomo. Munthu wopita sabata iliyonse koma wopanda mnzake mmenemo sankasiyana kwenikweni ndi wosapita. Tangoganizani, mpando womwewo, nyimbo zomwezo, ulaliki womwewo, koma wina akutuluka atapepukidwa wina akutuluka mmene analowera chifukwa palibe anamutchula dzina. Shehe wina anawonjezera kuti kupemphera pamzere phewa ndi phewa kumamuphunzitsa munthu kuzindikira msanga pamene mnzake wasowa, ndipo m'busa wina anavomereza kuti chiyambire 2020 pomwe mapemphero ambiri anapita pa intaneti chifukwa cha Covid, ena mwa anthu ake sanabwererenso, ulaliki akumaumvera pa foni. Foni ulaliki imakupatsa, nyimbo imakupatsa, koma ukapanda kuyatsa sabata zitatu palibe amadziwa.

Ine sindikunena kuti chiphunzitso chilibe ntchito, chonde musandimve molakwika, ndinatsutsanapo ndi mnyamata wina pa buleki yemwe amati mpingo ndi kalabu chabe. Kalabu yamtundu wanji yomwe imakuuza kuti ukhululukire amene wakulakwira ndi kudyetsa mlendo amene sadzakubwezera? Chikhulupiriro ndi chomwe chimatisonkhanitsa ndi anthu omwe patokha sitikanawasankha. Kungoti ife tazolowera kuwerenga mitu ya obwera nkumadandaula kuti yachepa, osafunsa kuti mwa obwerawo ndi angati ali ndi mnzawo wowaimbira foni Lachitatu.

Nde zomwe ndikupempha komiti ndi izi. Titenge kaundula wathu tione mayina a amene sitinawaone miyezi itatu yapitayi, tigawane, aliyense atenge awiri awaimbire kapena awayendere. Koma chonde osapita ndi funso loti bwanji simukubwera, funso limenelo ndi la kukhoti, munthu amayamba kudziteteza asanakupatse ndi mpando womwe. Tikangowafunsa kuti moyo ukuyenda bwanji nkukhala chete timve. Zomwe tamva zikathere komweko, zisakafike pa gulupu kapena kusanduka mutu wa pemphero la poyera popanda mwini wake kulola, apo ayi tibwereza zomwe zinathamangitsa mtsikana uja. Ndikupemphanso kuti pa miting'i yathu tisiye mphindi 20 zopanda ajenda, anthu azingocheza, ndipo akomitife tisamakhale pamodzi tokhatokha ngati mmene timachitira.

Pali nkhani imodzi yomwe kumsonkhano sitinagwirizane ndipo ndikufuna tidzaikambirane tokha, yoti munthu amene amabwera kudzacheza ndi kuthandiza koma akunena poyera kuti za chikhulupiriro akukayika, malo ake pagulu lathu ndi ati. Ine ndikuti akhale nafe, a tcheya mwina muona mwina. Malisiti a thiransipoti ndapereka kale kwa asungichuma, manotsi onse ndidzabwera nawo Loweruka, ndipo kaundula uja a sekilitale chonde mudzanyamule.