Kwa mnzanga wa ku Ohio, za ana athu ndi liwu loti liberal

Mdala wanga,

Uli bwanji kumeneko ndi chisanu chanucho? Kuno ku Lusaka tilipo, mlamu wako akupereka moni, ati nkhuku imene anakusungira chaka chatha yafa yokha ndi ukalamba. Voisi yako ija ndinaimvera kawiri, koyamba m'minibasi pa Great East Road kondakitala akundikuwira m'khutu, kachiwiri usiku malaiti atapita, ndiye ndaona kuti pa foni sitingamalize, pirira chabe kalata yaitali ngati zija tinkalemberana utangopita kumene.

Wandiseketsa ndi nkhani ya mnyamata wako. Ati walowa liberal arts college ndipo anthu ena a kutchalitchi kwanu akukuyang'ana mwachifundo ngati mwana wasochera, poti kumeneko liwu loti liberal ena amatukwanira nalo anzawo. Ndiye iwe injiniya wathunthu ukufunsa ine mphunzitsi wa histore kuti madola onsewa ukulipira kuti mwana aphunzire ndale kapena chani. Ukanadziwa kuti moto womwewo uli m'nyumba mwanga! Mzime wathu, mtsikana uja unamusiya akukwawa ulendo wina utabwera kudzationa, wapeza malo ku UNZA, yunivesite ya Zambia, ku School of Humanities and Social Sciences ndipo akufuna filosofi ndi histore. Atsibweni ake anachita kukwera basi kuchoka ku Katete, makilomita pafupifupi 500, kudzandifunsa funso limodzi: filosofi amadyera pati? Ati mwana achite unesi, anesi akupita ku UK, kapena za maakaunti, osati kukaphunzira kuyankha akuluakulu. Ndipo ukudziwa kwathu, pa mwana mtsibweni ndiye mwini mawu, ine ndine mkamwini chabe.

Tiyambe ndi liwulo kuti ugone tulo. Liberal arts ndi liberalism zonse zinatuluka m'liwu limodzi la Chilatini, liber, kutanthauza mfulu, munthu amene si kapolo. Anali maphunziro oyenera mfulu, woti akaime pabwalo nalankhula za mzinda wake. M'masukulu akale a ku Ulaya anawawerenga kukhala 7: galamala, lojiki, luso lolankhula pagulu, kenako masamu, jometri, nyimbo ndi za nyenyezi. Waona kuti masamu alimo? Mwana wakoyo m'zaka 4 zimenezi alawa sayansi, histore, masamu, zolembalemba, kenako asankha chimodzi choti azamemo. Si sukulu ya chipani ayi. Koma kachilonda kalipo, maphunziro a mfulu aja ankaphunzira anthu amene anali ndi wina wowalimira kumunda, ndiye atsibweni akamati amadyera pati sakuyankhula zopusa, funso limenelo ndi lakale ngati mzinda wa Roma womwe.

Liberalism ya ndale inabwera mochedwa. Azungu atatopa kuphana, Akatolika ndi Apulotesitanti, John Locke cha mu 1689 analemba kuti boma lisakakamize munthu zoti akhulupirire, komanso kuti wolamulira amalamulira chifukwa anthu avomera, akaphwanya pangano anthu ali ndi mphamvu yomuchotsa. Adam Smith mu 1776 anabwera ndi za msika, kuti anthu agule ndi kugulitsa boma lisalowererepo kwambiri. John Stuart Mill mu 1859 anati munthu mumusiye alankhule ndi kukhala mmene afunira bola asapweteke mnzake, ndipo olo maganizo olakwa amveke, chifukwa choona chimene palibe wochitsutsa chimasanduka nyimbo yongoloweza. Mfundo yomalizayi ine ndimaikonda mpaka lero. Koma ana a m'kalasi mwanga sindiwabisira kuti Locke yemweyo anali ndi masheya ku Royal African Company yogulitsa akapolo, ndipo Mill anagwira ntchito zaka 35 ku East India Company ndipo ankati ufulu umenewu sukhudza mitundu imene iye ankaiona ngati yosatukuka. Yosatukukayo ndiye ifeyo mdala.

Makolo athu analawa liberalism yamtundu umenewo nthawi ya Federation, 1953 mpaka 1963, pamene ankalalikira partnership koma Godfrey Huggins, nduna yaikulu ya Federation, anaifanizira ndi kavalo ndi womukwera, ndipo sitifunika kufunsa kuti kavalo anali ndani. Kuvota kunali kwa amene ali ndi sukulu ndi ndalama zokwanira, nyama kubutchala munthu wakuda ankagulira pa kawindo. Panali azungu ofatsa ngati Sir John Moffat ndi Liberal Party yake amene ankati tiyende pang'onopang'ono, koma pa chisankho cha 1962 sanapeze mpando olo umodzi. Anthu anali atatopa kumva pang'onopang'ono.

Manje za ife, zimene tinaona ndi maso. Ukukumbuka June 1990? Tili ma monk aang'ono, anyamata ophunzira pa UNZA, mtengo wa unga utakwera kuwirikiza kawiri ndi kupitirira, ophunzira tinatuluka pa geti, mzinda wonse unayaka, anthu oposa 20 anafa. Pa 30 June m'bandakucha Mwamba Luchembe akulengeza pa wailesi kuti asilikali atenga boma, anthu kuvina m'misewu, pofika masana zonse zitatha. Iwe unathawa nsapato imodzi ili kumanja, ndipo usakane. Tinakulira m'dziko la chipani chimodzi kuyambira December 1972, pa chisankho kunali KK, pulezidenti Kenneth Kaunda, mbali ino ndi chithunzi cha chule cha omukana mbali inayo, pamsika ndi pa siteshoni ma vigilante akufunsa khadi ya chipani cholamula cha UNIP, mizere ya saladi ndi sopo kuyambira usiku, makuponi a unga. Komanso tisaname, KK yemweyo ndiye anatimangira yunivesite imene tinkamutukwaniramo. Pa ufulu mu 1964 dziko lonse linali ndi anthu a madigiri pafupifupi 100 chabe, UNZA inatsegula mu 1966 ndi ophunzira 312, ndipo ife ana a alimi a mtedza tinaphunzira boma likulipira zonse mpaka chakudya.

Kenako msonkhano wa ku Garden House mu July 1990, MMD, gulu lofuna zipani zambiri, kubadwa, December kuchotsa Article 4 imene inkaletsa zipani zina, ndiye 31 October 1991 Chiluba kupambana, MMD kutenga mipando 125 mwa 150. Kwathu kum'mawa tokha ndiye tinakakamira UNIP mipando yonse 19, ukudziwa ife sititaya nkhalamba msanga. KK anavomera kugonja nachoka. Tsiku limenelo ine ndinali liberal wathunthu osalidziwa n'komwe liwulo, kwa ine kunali kungotha kulankhula m'bala osayamba wayang'ana kumbuyo kuti shushushu wakhala pati.

Koma liwu lomwelo linabweranso litavala jekete lina, liberalisation, ndi SAP, ndondomeko yokonza chuma ya IMF ndi World Bank. Mitengo kuimasula, sabuside ya unga kuchotsa, malire kutsegula, makampani a boma kugulitsa kuyambira 1992, Zambia Airways kutsekedwa mu December 1994, migodi ya ZCCM kugulitsidwa pofika 2000. Iwe unali utapita kale ndiye zina unangozimva. Atate anga anachotsedwa ntchito pa kakampani ka boma kamene anagwirako zaka zambiri, ndalama zawo anayendera mpaka nsapato kutha, anamwalira asanaone zonse. Mafakitale a nsalu anagwa, tonse tinalowa mu salaula, masukulu ndi zipatala kuyamba kulipiritsa. Mbali inayi mashelefu anadzaza, mizere inatha, maminibasi anachuluka moti manje ndi iwo amene amatilimbirana ife, manyuzipepala ndi mawailesi osakhala a boma anabadwa. Ndiye munthu akandifunsa kuti liberalism inatithandiza kapena inatipweteka ndimayamba ndamufunsa kuti ukunena iti, ya pakamwa kapena ya m'thumba? Atate akanakhala moyo akanati ufulu wolankhula ndi wabwino koma iwo ankaugwiritsa ntchito kudandaulira njala.

N'chifukwa chake usavutike ndi anthu a kutchalitchi kwanuwo, liwuli limasintha mtundu ngati bilimankhwe. Ku America liberal ndi amene akufuna boma lithandize osauka, lilipire zachipatala, ndipo ndi womasuka pa nkhani za chikhalidwe. Ku Australia Liberal Party ndi chipani cha anthu osunga zakale ndi a bizinesi. Kuno ukati liberal anthu a msinkhu wathu amaganiza za kugulitsa makampani, achinyamata amaganiza za zimene amaona pa TikTok, abusa amaganiza za Sodomu, paja tinalengezedwa kukhala dziko lachikhristu pa 29 December 1991, miyezi iwiri chabe kuchokera pa chisankho chomwe chija.

Chimene ndaona ine pa zaka zonsezi ndili ndi choko kumanja n'choti ufulu wa pakamwa uja sunabwere tsiku limodzi n'kukhazikika, umachita kukokedwa ngati ng'ombe yokana goli. Public Order Act ndi lamulo la atsamunda la 1955, ndipo aliyense akakhala kotsutsa amalitukwana, akalowa m'boma amapeza kuti likukoma. Zinatengera Christine Mulundika ndi anzake kupita mpaka ku Supreme Court kuti mu 1996 khoti linene kuti kupempha chilolezo cha apolisi kuti musonkhane n'kosemphana ndi malamulo aakulu a dziko. Mlandu wonyoza pulezidenti, Section 69, unachotsedwa mu December 2022, zaka 31 chichokereni chipani chimodzi! Amene amakoka zinthu zoterezi ndi anthu amene wina anawaphunzitsa kuwerenga chikalata mpaka pansi, kufunsa kuti walemba ndani, akupindula ndani, umboni uli kuti. Milatho yanu ainjiniya timaifuna, koma pafunikanso wina wofunsa kuti ngongole ya mlathowo abweza ndani, paja mu November 2020 tinalephera kulipira ngongole ya Eurobond tonse tikuyang'ana.

Koma usandimve ngati ndikuti Chilatini ndi filosofi pazokha zimamasula munthu. Tayang'ana kwa abale athu kutsidya kwa Mchinji. Kamuzu anatsegula Kamuzu Academy ku Mtunthama mu 1981, ana kuphunzira Chilatini ndi Chigiriki, maphunziro a mfulu enieni a m'buku, koma dziko lomwelo mu 1987 linatenga Jack Mapanje, mkulu wa dipatimenti ya Chingelezi ku Chancellor College, n'kumutsekera ku Mikuyu mpaka 1991 osamuzenga mlandu. Ndiye nkhani si mayina a masabujekiti. Nkhani ndi yoti mwana angakweze dzanja n'kuuza lekichara kuti apa sindikuvomera, n'kupereka zifukwa, mawa n'kupezekanso m'kalasi. Ukamuimbira mnyamata wako umufunse zimenezo, kuti m'kalasi mwawo woganiza mosiyana ndi gulu amamumvera kapena amamuzimitsa, chifukwa kuzimitsana kumapezeka mbali zonse, olo kwa amene amadzitcha ma liberal.

Atsibweni ndinawauza za Ashesi ku Ghana, yunivesite imene Patrick Awuah anayambitsa mu 2002 ataphunzira ku Swarthmore n'kugwira ntchito ku Microsoft. Kumeneko mwana amachita kompyuta kapena bizinesi koma amaphunziranso kulemba, kuganiza ndi za khalidwe, mpaka mayeso amalemba popanda wowalondera. Anangoti hmm, ku Ghana ndi kutali. Ndipo ine mumtima mantha ndili nawo, ndisakunamize, ana amene ndinawaphunzitsa ine, a madigiri awo, ndimawapeza m'mabuthi a mobile money pa Kamwala akundipatsa moni wa ticha mwamanyazi, ndipo mwana wathuyu aphunzira pa loni ya boma yoti adzabweze, si za BC, basale yathu yaulere ya boma ija.

Amene anamaliza nkhani ndi mwini wake. Titadya nsima anagwada bwinobwino pafupi ndi atsibweni ake, mwaulemu wonse, n'kuyamba kuwafunsa: mtedza wanu chaka chino munagulitsa zingati pa kilo, ananena mtengo ndani, sikelo inali ya ndani, nanga bwanji m'shopu kuno kabotolo ka chiponde kakudula chonchi, pakati apa ndalama ikutsalira ndani? Mdala uja anayankha awiri oyamba, lachitatu anayamba kukanda mutu, kenako kuseka mpaka kutsokomola, ati uyu ndi wa kwathu ndithu, agogo ake aakazi ankaimitsa bwalo la amfumu chimodzimodzi. Ati safunsa anadya phula, musiyeni apite, koma aikepo ndi ikonomikisi kuti mafunsowo azibwera ndi ka ndalama. Ndiye tagwirizana choncho, filosofi ndi ikonomikisi ngati mapointi a chaka choyamba alola, histore aziwerenga mabuku anga amene akudyedwa ndi chiswe mu sitolo. Mlamu wako sanakhutire kwenikweni, unesi ukadali pamtima, akuti tiona.

Manje pempho langa. Uza mnyamata wako atitumizire mndandanda wa mabuku amene akuwerenga chaka choyamba, mlongo wakeyu akufuna kuyerekeza ndi zake, ndipo ngati pali laputopu yakale imene yangokhala m'galaja mwako usaitaye, pakapezeka wobwera kuno mu December umupatsire. Ine ndikutumizira kapenta ndi chikanda ngati a pa eyapoti kwanu sadzalanda ngati ulendo watha. Malaiti abwera, ndithamange ndikasite malaya a mawa asanapitenso.

Moni kwa amayi a kunyumba ndi ana onse.

Ndine mnzako wa pa Chelstone