Mafilimu akale a nyama: taonani bambo ali patsogoloyo

Akonzi,

Ndiloleni ndiikepo mlomo pa mafilimu akale a nyama zakutchire omwe adzaza pa YouTube masiku ano. Ena akuti n'za atsamunda basi, tisataye nawo nthawi. Ndikuwamvetsa. Filimu ya mlenje wa ku America Paul Rainey ya mu 1912 imaonetsa agalu akupanikiza mikango ku Kenya kuti wamfuti angomalizitsa, ndipo ku America anthu ankalipira ndalama kukaonera. Amenewo si ulenje ayi, n'kupha kofuna kutchuka.

Komabe ine ndikuti tiziwaonera, kungoti maso asamakhale pa wamfutiyo. Taonani bambo ali patsogolo, kawirikawiri wopanda nsapato, amene dzina lake silitchulidwa n'komwe. Amawerama n'kupisa chala mu ndowe ya njati kuti amve ngati ikadali yofunda. Amatapa fumbi n'kulitaya pang'onopang'ono kuti aone kolowera mphepo. Akapeza magazi athovu pa udzu amadziwa kuti chipolopolo chalowa m'mapapo, nyamayo sipita patali. Alenje achizungu ankanyadira lamulo loti nyama yolasidwa siisiyidwa kuti ikafe ndi ululu m'tchire. Lamulolo n'labwino, koma ankalikwaniritsa ndani? Njati yovulala imabisala m'ziyangoyango n'kudikira woitsata, ndipo woyamba kukumana nayo anali bambo yemweyu, m'manja mulibe mfuti.

Mafilimu atayamba kulalikira zoteteza nyama, munthu wakuda anangokankhidwirabe kumbali. Katswiri wa nyama wa ku Germany Bernhard Grzimek ndi mwana wake Michael anawerenga nyama za mu paki ya Serengeti ku Tanzania ali m'ndege yopakidwa mizere ngati mbidzi, ndipo filimu yawo ya mu 1959 inapata mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar. Michael anafera pantchitoyi ndege itawombana ndi muimba, ndipo ndimamulemekeza kwambiri. Koma chaka chomwecho Amasai anasamutsidwa mu Serengeti, Grzimek akulimbikira kuti mu paki musamakhale munthu. Zimandiwawa kuti anthu amene anakhala ndi nyamazo kwa mibadwomibadwo ndiwo anaoneka ngati adani ake.

Pempho langa likupita kwa achinyamata ojambula mafilimu. M'midzi yozungulira Kasungu, Nkhotakota ndi Luangwa mukadali akuluakulu otha kusiyanitsa phazi la fisi ndi la kambuku pa dothi louma. Pitani mukawajambule akadali moyo, aziyankhula okha m'chinenero chawo, ndipo mayina awo alembedwe koyambirira kwa filimuyo.

Ine wanu,
Wowerenga wa ku Kasungu