Kalata yochokera ku Joni

Okondedwa Amayi,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi ana onse kumeneko. Ine kuno ndili bwino, kungoti kukuzizira koopsa, m'mawa madzi a pampopi amachita kuluma zala. Ndalama ya fizi ndatumiza pa Mukuru, achimwene akupatsani.

Lamulungu lapitali mnzanga wa ku Zimbabwe amene ndimagwira naye ntchito anabwera ndi laputopu, tinaonera filimu ya ku India ya mu 2013, yotchedwa The Lunchbox. Si zija zongovina ndi kuimba ayi. Nkhani yake ndi ya ku Mumbai, mzinda wa anthu ambiri kuposa Johannesburg. Kumeneko kuli amuna amene ntchito yawo ndi kutenga chakudya m'makomo n'kukapereka kwa anthu m'maofesi, panjinga ndi pasitima. Tsiku lina chakudya cha mayi wina, amene mwamuna wake samulabadira, chinasochera n'kukafika kwa bambo wina woti mkazi wake anamwalira. Bamboyo anadya zonse, mbale zinabwerera zili mbee. Basi, anayamba kulemberana timakalata, n'kumatiika m'mbale momwemo, osadziwana nkhope.

Pena pake ndinalephera kumeza malovu, Amayi. Usiku bambo uja amaima pakhonde yekhayekha, kuyang'ana pazenera la nyumba yoyandikana, mmene banja lina likudyera pamodzi. Kenaka kamtsikana ka m'nyumbamo kanadzuka n'kutseka zeneralo. Ndinangoti zii, mnzanganso osayankhula.

Umenewo ndiye moyo wathu kuno. M'takisi ya ku Bree timapanikizana mawondo kugundana, ndalama tikupatsirana kuchokera kumbuyo mpaka kwa dalaivala, koma palibe wofunsa mnzake kuti wadzuka bwanji. Ndikaweruka ndimaphika nsima, n'kudya ndekha nditakhala pabedi. Pamkeka paja timalimbirana nkhwani wotendera, ndimapakumbuka kwambiri.

Ndiye ndikupempheni, tikamayankhulana pafoni tisamangokamba za ndalama ndi feteleza. Muzindiuzanso zina: wakwatiwa ndani, mbuzi ija yaswa kapena ayi, kutchalitchi kwaya ikuimba bwanji. Achemwali akujambuleni mawu pa WhatsApp, ndizimvera ndikamadya.

Mukapeza wina wokwera basi yobwera ku Park Station, mumupatsireko usipa ndi ufa woyera pang'ono. Mnzanga uja tagwirizana kuti Lamulungu lililonse tizidyera limodzi, ndipo ndikufuna alaweko zakwathu.

Mupereke moni kwa amalume ndi agogo.

Ndine mwana wanu,
wa ku Joni