Amwene, shati yoyera ija isiyeni ku Leeds

Port of Spain, Trinidad, Lachitatu usiku

Amwene,

Kalata yanu yafika, ngati timizere tija tingatitchule kalata. Munthu kukhala duu chiikireni maliro a malume anu, kenako n'kungotulukira ndi funso la zokayenda! Zoti kunyumba kwanu kwabadwa mwana ndamvera kwa a Nachisale, inuyo simunatchuleko n'komwe. Chabwino, mlandu umenewo tidzaukamba pamaso.

Mwafunsa ngati kuli koyenera kulipira ulendo wamadzulo umene okonza msonkhano wanu aika pa pulogalamu, wokamvera steelpan, nyimbo zoimbidwa pa migolo yachitsulo, ndi kudya zamumsewu. Lipirani. Mwachita mwayi kuti msonkhanowo wagwa kumapeto kwa Januwale. Carnival, chikondwerero chachikulu cha m'misewu, kuno imachitika Lolemba ndi Lachiwiri loyandikana ndi Lachitatu la Phulusa, ndipo Loweruka lotsogolera masiku amenewo usiku ku bwalo lalikulu la Queen's Park Savannah kumakhala ndime yomaliza ya Panorama, mpikisano wa magulu oimba migolo umene unayamba mu 1963. Masabata otsogolera tsiku limenelo gulu lililonse limayeserera usiku ndi usiku pabwalo pake, pamene eni ake amati panyard. Mukanabwera mu Julayi mukanapeza migolo yambiri ili m'shedi, anthu ochepa akuimbira alendo tinyimbo todziwika, basi.

Koma musapite ndi mtima wokaonera konsati, mudzakhumudwa. Pa panyard ndi pophunzirira. Ambiri mwa oimbawo sawerenga manotsi papepala, amaloweza ndi khutu ndi manja. Wokonza nyimbo amapatsa mtsogoleri wa chigawo chilichonse kachidutswa kake, iyeyo n'kukaonetsa anzake, ndiye kachidutswa ka masekondi 10 katha kubwerezedwa mpaka inu mlendo mutayamba kuyang'ana wotchi, ngati kwaya ya kumpingo ikakakamira pa mzere umodzi madzulo onse. Wina akagogoda ndodo m'mbali mwa mgolo, onse zii. Awerenga, ayambanso. Nyimbo yathunthu, ya mphindi pafupifupi 8, amakonda kuiimba usiku kwambiri, poyamba mwapang'onopang'ono, kenako pa liwiro la mpikisano. Apa ndi pamene maulendo ambiri a alendo amalakwitsa: amakutengani pahotela cha m'ma 6 koloko, 7 koloko muli kale pabwalo, pamene oimba sanaweruke bwino kuntchito. Mumangopeza ana asukulu akuyeserera payekhapayekha, aliyense zake, phokoso lokhalokha. Muuzeni wokutsogoleraniyo kuti muyambe ndi kudya, ku mabwalo mufike 9 koloko itadutsa, ndipo mabwalo awiri akwana. Akakulonjezani asanu, dziwani kuti usiku wonse muthera m'basi.

Akakupatsani mwayi wosankha gulu, Invaders ali pa Tragarete Road moyang'anana ndi bwalo la kriketi la Queen's Park Oval, Renegades pa Charlotte Street, Trinidad All Stars pa Duke Street, Phase II ya Len "Boogsie" Sharpe ku Woodbrook. Desperadoes kwawo ndi kuphiri ku Laventille, ngakhale masiku ano amayeserera kumunsi m'tauni. Ine ndingati Invaders musaiphonye, chifukwa ndi kumene kunachokera Ellie Mannette, amene amatchuka kuti ndiye anayamba kulowetsa m'kati pansi pa mgolo m'malo mopatukumulira kunja.

Chidacho muchiyang'anitsitse pafupi. Ndi mgolo wa mafuta wa magaloni 55, malita 200 ndi kanthu. Amautembenuza n'kuyamba kusinja pansi pake ndi nyundo yolemera, kuzungulira kuchokera m'mphepete kulowa pakati, mpaka chitsulo chitatambasuka n'kulowa m'kati. Wa mawu ang'ono, umene amati tenor, umalowa pafupifupi masentimita 20. Akafulumira kapena akasinja malo amodzi, chitsulo chimapyapyala n'kung'ambika, mgolo wonse wapita. Akatha amajambula malo a manotsi, n'kudinda malire a notsi iliyonse ndi kachitsulo kosathwa kuti ukamenya imodzi inzake isalire nawo. Kenako amadula thunthu la mgolo: tenor amasiyira lalifupi, mabesi sadula n'komwe. Amauwotcha pamoto kwa mphindi zochepa kuti chitsulo chikhazikike, ndiye wochuna amayamba ntchito yake ndi tinyundo ting'onoting'ono, kugogoda pamwamba ndi pansi, kumvetsera, kugogodanso. Tenor imodzi imanyamula manotsi pafupifupi 29, aakulu a mawu otsika kunja, ting'onoting'ono ta mawu okwera pakati. Wa besi amaima pakati pa migolo 6 yathunthu, uliwonse manotsi atatu okha, ndiye amaimba akutembenuka uku ndi uku thupi lonse. Pakati pa awiriwa pali migolo ina yotchedwa ma double second, ma guitar ndi ma cello, imene imadzaza nyimbo.

Ndikudziwani, manja anu satha kukhala. Musakhudze mgolo wa munthu osapempha, ndipo musayerekeze kuugogoda ndi kiyi kapena mphete. Ndodo zake zili ndi labala kunsonga, za besi zili ndi mpira wa siponji, ndipo amamenya mopepuka ndi dzanja lomasuka. Mukamenya mwamphamvu notsi imaphwa n'kusintha mawu, mwini wake akalipira wochuna. Dzuwa nalonso limasokoneza mawu chitsulo chikatentha, n'chifukwa chake timangolo tomwe amakankhirapo migolo tili ndi madenga.

Poima pali nkhani. Kutsogolo, kumene kuli ma tenor, mumamva nyimbo yeniyeni imene mungaiimbe pakamwa. Kumbuyo kwa mabesi simumva ndi khutu lokha, zimagunda m'chifuwa. Pakati pali chimene amati engine room: ng'oma za bandi, ma conga, chokwecha, ndi amuna ogwira zitsulo za mabuleki a galimoto akuzimenya ndi kamtengo kachitsulo. Amenewo ndiwo agwira liwiro la anthu oposa 100, ndipo kulira kwa chitsulo chimenecho kumaboola mutu. Yendani mozungulira gulu lonse nyimbo ili m'kati, palibe adzakuletseni bola musaime panjira ya wophunzitsa. Tengani totseka m'makutu. Khutu lanu lamanzere lija si la masewera.

Wokutsogoleraniyo adzakuuzani mbiri, mwina mothamanga. Mutu wake ndi wakuti boma la atsamunda a ku Britain linaletsa ng'oma m'misewu m'zaka za m'ma 1880, pambuyo pa zipolowe za pa Carnival za mu 1881, zotchedwa Canboulay. Anthu anatembenukira ku nsungwi zoduladula, kuzigunda pansi ndi kuzimenyanitsa. Pofika m'ma 1930 anyamata a m'madera osauka anali atayamba zitini za mabisiketi ndi zitsulo zotola, ndipo migolo ya mafuta inabwera cha m'ma 1940, poti dziko lino limakumba mafuta ndipo Amereka anali ndi malo a asilikali apamadzi ku Chaguaramas. Oimba ake ankatengedwa ngati zigawenga, magulu ankamenyana okhaokha, makolo ankaletsa ana awo aakazi kuyandikira. Ulemu unayamba kubwera mu 1951 pamene gulu la oimba migolo la TASPO linakaimba ku chikondwerero cha Festival of Britain kwanu komweko. Lero steelpan ndi chida cha fuko, chilengezereni mu 1992, ndipo United Nations inaika 11 Ogasiti kukhala tsiku lake.

Tsopano za mimba yanu, zimene zikundisowetsa tulo kuposa zonsezi.

Choyamba adzakudyetsani doubles. Ndi tizitumbuwa tiwiri tapyapyala tofewa, ta ufa wa tirigu wa yisiti ndi chikasu, totchedwa bara, tosanjikiza pakapepala, pamwamba n'kuthirapo tchana yophika ndi curry, yamadzimadzi. Kenako supuni ya bwemba wotsekemera, nkhaka yopala, msuzi wobiriwira wa tsamba lotchedwa shadon beni, mwina kuchela ya mango aawisi, ndiye tsabola. Ndi chakudya chochokera kwa Amwenye amene anabwera kudzalima nzimbe kuyambira mu 1845. Mtengo wake ndi madola a kuno osafika 10, ndipo dola imodzi ya ku America ndi pafupifupi 6.8 ya kuno. Tengani ndalama zapamanja zing'onozing'ono, khadi pamenepo siligwira ntchito. Wogulitsa sacheza, mzere ndi wautali, adzakufunsani liwu limodzi lokha la tsabola. Muyankhe kuti "slight", kutanthauza pang'ono. Ndabwereza, amwene: "slight". Musati mukumbukire kuti kwanu mumadya kambuzi ndi mipeni iwiri. Kambuzi wathu ndi tsabola wa kuno ndi fuko limodzi ndithu, fungo lake mudzalizindikira, koma m'fuko limenelo mulinso Moruga scorpion, wa kumwera kwa chilumba chino, amene mu 2012 akatswiri a ku New Mexico anamupeza kuti ndi wowawa kuposa onse amene anawayeza. Simudziwa kuti m'botolo la mayi uja mwalowa uti. Ndikuona kale mmene zidzathere: inu mwaima pamsewu, misozi chuchuchu, chipewa chili m'manja, azungu a kumsonkhano akukujambulani, mawa lake pepala lanu akuwerenga munthu wina chifukwa mwini wake wadzitsekera kuchimbudzi cha hotela. Ndiye mlamu adzaimbira ine, ngati ndine ndinakutsegulani pakamwa. Mukapsa, madzi sathandiza, amangomwaza motowo. Funani chamkaka, ma punch a mtedza amagulitsa pomwepo.

Ndipo shati yoyera ija, imene mumavala pa chithunzi chilichonse chichokereni ku Zomba, isiyeni. Doubles sadyera pa mbale. Mumaima, pepala padzanja lamanzere, miyendo motalikirana, n'kuwerama kuti msuzi udonthere pansi. Mumang'amba bara imodzi n'kutapira tchana, inayo n'kupinda ndi zotsala. Chikasu chikagwera pansalu yoyera sichichoka. Nsapato zikhale zotseka, za fulati, mabwalo ena ndi a miyala ndi mafuta. Jekete musavutike nayo, usiku wa kuno ndi wofunda ngakhale mu Januwale.

Musadye oposa awiri, njira ikadali yaitali. Ku Savannah madzulo kumakhala matebulo a zakudya ndi malole a kokonati: amakusemerani ndi chikwanje, mukamwa madzi mum'bwezere akung'ambireni kuti mukombe zofewa za m'kati. Pholourie ndi timipira tokazinga ta ufa wa nsawawa zouma, toviika mu bwemba kapena mango. Mugule totuluka kumene m'mafuta, tikazizira timalemera m'mimba. Roti yabwino, chapati yokulungamo ndiwo za curry, ili ku St James, pa Western Main Road, kumene sagona, koma roti ndi chakudya chathunthu, mugawane ndi munthu. Ya nkhuku imabwera ndi mafupa ake, musalume mwachimbulimbuli ndi mano anu ogula aja. Souse, mapazi a nkhumba kapena a nkhuku oviikidwa m'madzi a ndimu ndi nkhaka, ndi wozizira, ndiye kwa mimba yachilendo ndingati mulambalale, pamodzi ndi ma oyster aawisi. Bake and shark weniweni, mkate wokazinga woikamo nsomba ya shaki, ndi wa kunyanja ku Maracas masana, wa m'tauni usiku musataye naye ndalama.

Chotsekera chikhale corn soup, mukatuluka ku panyard. Ndi msuzi wolemera wa nsawawa zouma zophika mpaka kusungunuka, dzungu, mkaka wa kokonati, timibulu ta ufa ndi zidutswa za chimanga chachiwisi ndi chitsononkho chake, m'kapu yotentha moti simungaigwire bwino. Wophika wodziwa amaponya tsabola wathunthu mumphika kuti apereke fungo lokha. Akaphulika poomola, mphika wonse ndi moto, ndiye lawani kaye kansonga ka supuni.

Chimanga chimenecho chidzakupwetekani mtima, ndikuchenjezeretu. Ino ndi nyengo imene kumudzi chayamba kumasula, ndipo chaka chino munda wa malume anu sindikudziwa ngati alima ndani. A Nachisale akuti azakhali sakutulukanso m'nyumba, amangokhala pakhomo ndi wailesi yosatsegula. Ife tinangotumiza ndalama ya bokosi, inu kuchokera uko, ine kuchokera kuno, n'kumaonera pa foni anthu ena akuponya dothi. Aimbireni, amwene. Musadikire kuti mukhale ndi chowatumizira.

Za mayendedwe: musachoke pagulu, ndipo pobwerera basi ikakutulani pakhomo penipeni pa hotela. Mzinda uno uli ndi misewu imene mlendo sayendamo yekha usiku, makamaka kum'mawa kwa tauni, ndipo malire ake simungawaone ndi maso. Foni yojambulira itulutseni pabwalo, osati pamsewu. Mukafuna takisi, yovomerezeka nambala yake imayamba ndi H; za P ndi galimoto za eni, ngakhale zambiri zimanyamula anthu. Pabwalo kulowa ndi ulere, koma gulani chakumwa pa bala yawo kapena sikipa ya gulu, ndalama imeneyo ndi imene imathandiza kulipira wochuna.

M'chikwama mundiikire tiyi wa ku Thyolo ngati shopu ija ikadalipo, koma usipa musayerekeze, pa eyapoti ya Piarco amafunsa za zakudya ndipo nkhope yanu siitha kunama. Nandolo musanyamule, kuno aliko, amaphikira mumpunga. Chisomo akuti ngongole ija sanaiwale, ine ndangoti ndifikitsa uthenga. Tsiku lofika mundiuze msanga, osati m'mawa wake monga munachitira pa ukwati wa a Gondwe, chifukwa msewu wochokera ku eyapoti nthawi yoweruka umadzaza moti

Pepala latha, ndipo maso akulemera. Moni kwa mlamu ndi mlendo watsopanoyo, amene dzina lake ndikudikirabe.

Ine wanu,
mnzanu wa ku Woodbrook