Kalata kwa Nduna Yoona za Chikhalidwe: Tiimikeni Pafupi ndi Kamera

Olemekezeka a Nduna,

Ine ndine wojambula mafilimu. Dzina langa limatuluka kumapeto kwenikweni, oonera atadzuka kale m'mipando. Ndimadyera zinkhoswe, maukwati ndi makanema a mabungwe. Filimu yeniyeni ndimajambula mwa apo ndi apo, ndi kamera yobwereka, ndipo malipiro ake amakhala a "tikagulitsa tikuonani".

Ndikufuna ndikukumbutseni za Dick Pope, katswiri wa kamera wa ku Britain, yemwe anamwalira mu 2024. Ndiye anajambula The Boy Who Harnessed the Wind, nkhani ya William Kamkwamba wa ku Wimbe ku Kasungu, yomwe inatuluka pa Netflix mu 2019. Bambo ameneyu anayambira kujambula mapulogalamu a pa wailesi yakanema, kenaka anagwira ntchito zaka zambiri ndi wotsogolera mafilimu Mike Leigh kuyambira 1990, mpaka dzina lake linalowa kawiri pa mpikisano wa Oscar. Nditaonera filimu ya Kasungu ija ndinasowa tulo. Dzuwa lake ndi lomwe limatiotcha tonsefe, fumbi lake ndi lomwe lija, koma iye anadziwa ola loyenera kujambula, mbali yoimika munthu, ndi mmene angaunikire nkhope yakuda m'nyumba yaudzu osaipanga yotuwa ngati yapakidwa phulusa. Ine zimenezi ndakhala ndikuziphunzira pa YouTube, usiku, bandulo ikatsika mtengo.

Luso ili limalowa m'manja ukaima pambali pa katswiri, kumunyamulira malenzi, kumusinthira mabatire, n'kumaona chifukwa chomwe wakanira kujambula masana dzuwa lili paliwombo. Kalasi yokha siikwana.

Pempho langa ndi ili. Alendo akabwera kudzajambula filimu m'dziko muno, chilolezo chawo chizikhala ndi mfundo yakuti atenge Amalawi awiri kapena atatu m'gulu la kamera ndi magetsi, olipidwa, mayina awo n'kulembedwa pa filimuyo. Tisamangokhala oyendetsa galimoto ndi omasulira. Bungwe la opanga mafilimu la Film Association of Malawi lingathe kusunga mndandanda wa anthu oyenera, kuti pasakhale zotengana pachibale. Boma silingaonongepo ndalama.

Musaganize kuti tikuyambira pansi. Shemu Joyah anatulutsa Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat, ndipo filimu yotchedwa Lilongwe ya Joyce Mhango Chavula inapata mphoto ya Africa Magic ku Nigeria mu 2016. Amenewa anachita ndi zochepa zomwe anali nazo.

Za msonkho wa makamera ndi magetsi ojambulira ndidzakulemberani padera, chifukwa kumeneko nkhani ndi yaitali. Pakadali pano ndikupempha kuti muitane ojambula tidzakhale pansi pa za chilolezochi. Chonde lisakhale Loweruka, timakhala tili ku maukwati.

Ine wanu,
Wojambula mafilimu, Lilongwe