Lipoti la ulendo wa ku Ilha de Moçambique kwa gulu lathu la ku Ulongwe

Wapampando, amayi ndi abambo, ndi inu achinyamata anzanga, zikomo. Munasonkha ndalama zanu, ena mpaka munagulitsa thumba la mbatata ya kachewere, kuti ndikaone m'malo mwanu momwe anzathu a ku Ilha de Moçambique amayendetsera alendo wapansi mumzinda wawo. Ndabwerako bwino. Zimene ndinanena mwachidule Lamulungu lija ndazilemba pano mokwanira, kuti anzathu a ku Domwe ndi ku Tsangano amene mvula inawatsekereza nawonso amve.

Za njira sinditalikitsa. Ndinatulukira pa Calómuè kulowa ku Dedza, kutsika Golomoti, kudutsa Mangochi, n'kubwereranso m'dziko lathu pa Mandimba. Kuchoka apo ndi Cuamba, Nampula, kenako chapa (kaminibasi) ya ku Ilha. Pofika msana unali utauma gwa. Kunyumba ya alendo kumene anandisungira malo ndinapeza chipinda apatsa wina, ndipo amene anandiona ndikuzungulira ndi chikwama ndi mayi wina wogulitsa nsomba, nandiyalira mkeka pakhonde pake. Usiku umenewo ndinagona ndikung'ung'udza. Lero ndikuti likanakhala loti chipinda chija ndachipeza, theka la lipotili bwenzi palibe.

Ilha ndi chisumbu chaching'ono, makilomita 3 m'litali, chopapatiza moti pena umaona nyanja uku ndi uku. Mlatho wopitira kumeneko ndi wautali kuposa chisumbucho, koma ndi wa galimoto imodzi, yobwera kutsogolo imapatukira pambali n'kudikira. Kadera kameneka ndiko kanali likulu la dziko lino mpaka 1898 pamene Apwitikizi anasamutsira likululo ku Lourenço Marques, lero Maputo, ndipo UNESCO inakaika pa mndandanda wa malo ofunika kusungidwa mu 1991. Msonkhano wa zoperekeza alendo umene ndinapitira unali wa masiku atatu, koma pampando tinakhalapo pang'ono. Otiphunzitsa anati ntchito ya mapazi siphunziridwa m'kalasi, choncho m'mawa uliwonse amatigawa asanu asanu n'kutipereka kwa giya, ndiye woperekeza alendoyo.

Wathu anali mnyamata wa komweko, Mmakhuwa, wovala masilipasi. Tinayambira kumpoto, pa linga la São Sebastião limene anayamba kulimanga mu 1558. Ine ndinali nditatulutsa kale kope, ndikuyembekezera zaka ndi maina a abwanamkubwa. Iye anatidutsitsa mizinga yonse osaiyang'ana, natiimika pa chithanki chachikulu cha madzi amvula. Anatifunsa ngati taona mtsinje uliwonse chifikire pachisumbupo. Palibe. Ndiye anatisonyeza ngalande za padenga zotsogolera madzi m'menemo, nafotokoza kuti Adatchi atazinga lingali mu 1607 ndi 1608 anabwerera chimanjamanja, ndipo kuti munthu wozingidwa amayamba kugonja ndi ludzu mfuti zisanamugonjetse. Zakazo sindinazilembe n'komwe, koma onani, zandikhala m'mutu chifukwa cha thanki. Kuseri kwa linga, pamwala pomwe mafunde amamenya, pali katchalitchi ka Nossa Senhora de Baluarte ka mu 1522, kakang'ono kuposa kalasi imodzi ya pasukulu yathu. Nyumba yofiira ya São Paulo, imene inayamba ngati sukulu ya ansembe a Chijezuiti kenako n'kukhala ya bwanamkubwa, tinangoidutsa mofulumira, ndipo inenso ndiidutsa chimodzimodzi.

Pamene ndikufuna mumvetsere ndi pa kachisi wa Ahindu. Amwenye ochokera ku Diu ndi ku Gujarat, ku India, anachita malonda a nsalu pachisumbupo kwa zaka mazana, ndipo dziko lathuli linkalamulidwa kuchokera ku Goa, ku India komweko, mpaka 1752. Lero atsala ochepa, koma kachisi wawo alipo, m'kati mwa mpanda. Tinapeza chitseko chotseka. Giya wathu anagogoda kamodzi, n'kukhala pansi pamthunzi ngati munthu wopanda changu. Woyang'anira pamalopo atatuluka, awiriwo anayamba kufunsana za mwendo umene unkawawa sabata yatha, za ana, za mtengo wa nsomba. Ife chiimire. Atatsegula, ine mwana wa ku Angónia ndinangoti lowu, nsapato kumapazi, foni m'mwamba. Ndinamva malaya akukokedwa kumbuyo. Mnyamata uja sanandikalipire, anangoloza pansi pamene anzanga onse anali atandandalitsa nsapato zawo. Manyazi ake, amayi inu, ndinalakalaka nthaka itang'ambika. Mkuluyo anaseka, koma foni anati ndibweze m'thumba kufikira atandiuza yekha poyenera kujambula.

Ku mzikiti wobiriwira wa m'mbali mwa nyanja tinafika nthawi ya swala itayandikira, ndipo tinadikira panja mpaka anthu atatuluka. Azimayi a m'gulu mwathu anafunda mipango imene giya anaitenga m'chikwama mwake, anali atainyamula dala. Madzulo ndinamufunsa kuti bwanji osangosintha njira kuti alendo asataye nthawi. Anandiyankha kuti zaka ndi mbiri aliyense angaziwerenge pa intaneti, koma chimene mlendo amamulipirira n'chakuti iye akagogoda, amamutsegulira. Tsiku limene mlendo wake adzanyoze mwini khomo, khomo limenelo latsekekera operekeza onse.

Chisumbucho chili pawiri. Kumpoto ndi mzinda wa miyala ndi laimu, kummwera ndi Macuti, dzina lochokera ku masamba a kokonati ofolerera nyumba. Ku Macuti ndiko kumakhala anthu ambiri, ndipo nyumba zina zili m'munsi mwa msewu, umachita kutsika masitepe, chifukwa miyala yomangira nyumba za kumpoto inkakumbidwa kumeneko. Pa nkhani ya kumeneku msonkhano unatentha. Ena ankati kulowetsa alendo ku Macuti n'kugulitsa umphawi wa anzako. Mayi wina wa gulu lovina tufo anaimirira nati chimene chimawapweteka si kubwera kwa alendo, koma munthu kuwajambula atadzola musiro kumaso, osapereka ngakhale moni, kenako n'kukadya chamasana ku hotela. Anagwirizana kuti mlendo asajambule munthu asanapemphe, ndipo ndalama ya chakudya izilowa m'manja mwa wophika, pamaso pa mlendoyo, osadzera m'thumba la giya. Mfundo yachiwiriyi ndinaiombera m'manja kuposa onse, poganiza za inu amayi a pamsika.

Tsopano za pakhonde paja. M'bandakucha ndinadzutsidwa ndi kukwecha. Mayi aja anali atakhala chotangadza pa kampando kachitsulo cha mano kutsogolo, akupala kokonati, zoyera zikugwera m'beseni ngati gaga. Anathira madzi ofunda, kufinya ndi manja, mkaka woyamba n'kuika padera, wachiwiri n'kuphikira mpunga. Ndiwo zinali siri-siri, kamera ka m'mbali mwa nyanja kamene amakaphika ngati matapa, kamchere kake kachibadwa. Ndinalawanso karakata, nsima ya ufa wa chinangwa yomata ngati kondowole, ndi badjia, timipira ta khobwe wonyika n'kusinja, tokazingidwa uli pomwepo. Pa ulendo wa alendo sadyetsa munthu mbale yodzaza. Apa kabadjia, patsogolo samusa, kwina kapu ya tiyi, kuti mimba ikhale ndi malo ndipo ophika anayi kapena asanu apindule. Lamulo lawo n'lakuti mlendo adye chimene chachoka pamoto iye akuona, madzi akhale a m'botolo, beseni ndi sopo zikhale poonekera. Asananyamuke amafunsanso aliyense chimene sadya. Msilamu sadya nkhumba, Ahindu ambiri sadya ng'ombe, ena nyama iliyonse, ndipo pali anthu amene mtedza kapena nkhanu zimawatupitsa thupi. Ife timathira nsinjiro paliponse osanena, apa tisamale.

Malo amodzi anandikhudza mosiyana. Pali kamunda kachikumbutso pafupi ndi gombe, Jardim da Memória, kokumbukira anthu amene anakwezedwa zombo ngati akapolo kupita ku zisumbu za Réunion ndi Mauritius, enanso ku Brazil. Kutsidya kumaoneka Mossuril, kumene kunkafikira minyanga ya njovu yochokera m'dziko la Amaravi, pamitu ya anthu. Njira imene ine ndinadandaula nayo pa chapa, makolo athu ankaiyenda wapansi, ndipo ena sanabwerere. Nditauza anzanga kuti ndine wa mtundu umenewo, giya anandipempha kuti ndilankhule ndine. Mawu anandithera msanga.

Wapampando, mundilole ndinene maganizo anga, ngakhale ena sawakonda. Tisanapite tinkati chokopa chathu chachikulu chidzakhala gule wamkulu, poti UNESCO inamuzindikira mu 2005 pamodzi ndi wa ku Malawi ndi ku Zambia. Ndabwera nditasintha. Dambwe lili ndi eni ake, monga kachisi uja, ndipo ife sitinagogodeko. Sitingalonjeze mlendo kuti Lachisanu 3 koloko kutuluka chilombo ngati kuti ndi chapa ya ku Tete. Ngati anyakwawa ndi akuluakulu a kudambwe adzalola kuti mlendo aonerere pamwambo umene ulipo kale, adzatiuza okha poima ndi zoyenera kupereka. Akakana, akana. N'chimodzimodzi ngoma ya Angoni, n'chimodzimodzi ku mishoni ya Lifidzi ndi ku mzikiti wathu.

Komanso tisadzinamize. Kuno sikubwera alendo a makamera ngati ku Ilha. Athu ndi ogwira ntchito ku migodi ya malasha ku Moatize amene amathawira kuno kutentha, apaulendo odutsa pa Zóbuè, abale a ku Dedza ndi ku Lilongwe, ndi ana asukulu. Kwa amenewa ulendo wa maola awiri muno mu Ulongwe ukukwana: kuyambira pa nyumba zakale za nthawi imene tauniyi inkatchedwa Vila Coutinho, kulowa mumsika pa milu ya kachewere ndi kabichi, kulawa thobwa, zitumbuwa ndi tchipisi cha pachiwaya, n'kumva momwe Angoni a Maseko anadzakhalira pakati pa Achewa mpaka dera lonse kutenga dzina lawo.

Mzinda wa Tete ndiwo ungafanane ndi zimene ndaona, poti nawonso unali pa njira ya amalonda a Chiswahili Apwitikizi asanafike, ndipo David Livingstone anapumirapo mu 1856. Pali linga lakale la São Tiago Maior, mizikiti, matchalitchi, mlatho wa Samora Machel wa mu 1973 woti munthu awoloke Zambezi wapansi, ndi msika wa Kwachena. Chakudya ndiye musanene: kanyenya wa mbuzi ya ku Tete, nsomba zouma za chikowa, pende, masau, malambe. Koma dzuwa la kumeneko mukulidziwa, ulendo uyenera kuyamba kusanache bwino n'kutha 9 koloko isanakwane. Ndiponso eni mzinda ndi Anyungwe. Tikapita tokha ndi Chichewa chathu tikakhala ngati ine ndi nsapato zanga zija. Ndikupempha kuti za ku Tete tiziimike kaye mpaka titapeza anzathu a komweko oti tigwire nawo.

Malisiti onse ndi ndalama yotsala ndapereka kwa amayi asungichuma, kupatula ya usiku woyamba imene ndinapatsa mayi wa nsomba uja popanda pepala, ndipo ngati gulu siliivomereza ndibweza ndekha. Zofunika kuti tigamule Lamulungu likubwerali ndi izi: ndani apite kwa anyakwawa, ndani kwa ashehe, ndani kwa bambo mfumu, ndipo apite awiri awiri, wamkulu ndi wachinyamata. Loweruka lotsatira tiyeseze ulendo wa mumsika, alendo athu akhale aphunzitsi atatu amene avomera kale kutidzudzula mosanyengerera. Tikumane 6 koloko pachipata cha msika. Amayi a zitumbuwa ndi a thobwa, mubwere ndi beseni ndi sopo, makapu ndibweretsa ine.