Achimwene, munachoka chaka chimodzi chisanakwane

Achimwene,

Ndikhulupirira kuti nonse muli bwino kumeneko ku Zomba, pamodzi ndi alamu ndi ana. Kuno ku Charlottesville kwayamba kuzizira, masamba athothoka kale.

Mwina mwamva kuti a Tony Bennett asiya ntchito yophunzitsa timu ya basiketibolo ya University of Virginia mu Okutobala 2024 yemweyu. Nditamva ndinakumbukira inu, chifukwa mpaka lero zimandiwawa kuti munakwera ndege yobwerera kwathu mutangoona manyazi okhaokha.

Mukukumbuka usiku wa pa 16 Malichi 2018? Timu yathu inali itapambana masewero 31 n'kuluza awiri okha, ndipo inalowa mu mpikisano wa NCAA, wa matimu a mayunivesite a kuno ku America, ili pa nambala wani. UMBC, timu ya yunivesite ina ya ku Maryland, yomwe inali pa nambala 16, inatikwapula 74-54. Zoti timu ya nambala 16 igonjetse ya nambala wani zinali zisanachitikepo mu mpikisano wa amuna. Wosewera wathu De'Andre Hunter anali panja atathyoka dzanja, koma nanga ndani ankafuna kumva zimenezo? Inu munazimitsa TV, ndipo nsima ija tinaidya osayankhulana.

Chaka chotsatira anthu ankanyozabe kaseweredwe ka a Bennett, kodekha, kotchinga kwambiri, kosathamangira kuponya. Ankati n'kotopetsa ndipo sikangabweretse chikho. Iwo sanasinthe. Masewero oyamba a mpikisano wa 2019, Gardner-Webb, nayonso ya nambala 16, inatsogola ndi mapointi 14, ndipo ine mtima unali m'mwamba kuti zayambanso. Anyamata anadzidzimuka n'kupambana 71-56.

Koma amene ndimafuna mukanaonera muli pambali panga ndi a Purdue ku Louisville. Carsen Edwards anatiponyera mapointi 42 yekha, paliponse pamene waima mpira umangolowa. Kutatsala masekondi osakwana asanu ndi limodzi tinali kumbuyo ndi mapointi atatu. Ty Jerome wathu anamwetsa mpira woyamba waulere (woponya popanda wotchinga), wachiwiri unagunda chitsulo. Mamadi Diakite, mwana wa ku Conakry uja munkamutcha "wakwathu", anaumenya mpirawo n'kubwerera kutali, kupitirira pakati pa bwalo. Amene anauthamangira ndi Kihei Clark, kamnyamata kafupi ka chaka choyamba. Wina aliyense akanangouponya kuchokera komweko n'kupemphera. Iye anakweza maso, n'kuona Diakite, n'kumupatsira ndi dzanja limodzi. Diakite anautulutsa m'manja belu lisanalire, 70-70. Mu nthawi yowonjezera tinapambana 80-75. Kanema wake ndamuonera kambirimbiri, ndipo chimene ndimayang'ana si kuponya kwa Diakite ayi, koma mutu wa Clark pamene akuukweza.

Mu semifainolo ku Minneapolis, Kyle Guy anapatsidwa mipira itatu yaulere kutatsala sekondi yosakwana imodzi, ndipo yonse inalowa: 63-62 pa Auburn. Otsatira Auburn amadandaulabe kuti oyimbira sanaone kulakwa kwa Jerome mphindi yomweyo, ndipo kunena zoona dandaulo lawo ndimalimvetsa. Pa 8 Epulo, mu fainolo, tinagonjetsa Texas Tech 85-77, kachiwirinso mu nthawi yowonjezera. Hunter yemwe uja anamwetsa mapointi 27. Chikho choyamba m'mbiri ya timuyi, atapambana masewero 35 n'kuluza atatu.

Usiku umenewo ndinakuimbirani kawiri, koma kwanuko kunali m'bandakucha ndipo foni inangoitana. Tinadzalankhula mawa lake, koma moto unali utazilala, ndipo sindinathe kukufotokozerani bwino. N'chifukwa chake ndalemba lero.

Chipewa chanu cha buluu chija munachisiya pa msomali chikadali pomwepo. Ndidzabwera nacho pa Khirisimasi. Mundisungire ufa woyera ndi chambo chouma, ndipo mupereke moni kwa amayi.

Ndine mng'ono wanu wa ku Virginia